Zhang Yimou: kuchoka kuseri kwa kamera n'kukhala dayirekita

Achisale
Moni nonse. Pali mawu amene ndikuwamva kawirikawiri kwa achinyamata ogwira kamera masiku ano, akuti wojambula waluso ndi dayirekita (wotsogolera filimu) kale, changotsala n'kumupatsa mpando basi. Ine mawu amenewa sandikhutiritsa, ndipo ndikufuna tiwayese pa moyo wa munthu amene anayendadi njira imeneyi, Zhang Yimou wa ku China.

Kwa amene simunamvepo za iye: anabadwira mumzinda wa Xi'an. Bambo ake anali msilikali wa Kuomintang, mbali imene inagonja kwa achikomyunizimu pa nkhondo yapachiweniweni mu 1949, ndiye banja lonse linkaonedwa ndi diso lokayikira. Pa nthawi ya Cultural Revolution, chipwirikiti cha ndale chimene chinazunza ophunzira ndi okayikiridwa, imene inayamba mu 1966 n'kutha mu 1976, anamutumiza kumudzi kukagwira khasu, kenaka anakhala zaka 7 m'fakitale ya nsalu za thonje ku Xianyang. Kujambula zithunzi anadziphunzitsa yekha ali komweko. Sukulu ya mafilimu ya Beijing Film Academy itayambanso kulandira ophunzira mu 1978, iye zaka zinali zitamupitirira, ndipo anamubweza. Sanagwe ulesi. Zithunzi zake zinafika m'manja mwa nduna yoona za chikhalidwe, ndunayo n'kulamula kuti amulandire. Analowa kalasi ya ojambula. Chen Kaige ndi Tian Zhuangzhuang ndi amene anali ku kalasi ya madayirekita, ndipo onsewo anamaliza limodzi mu 1982.

Patangotha zaka 6, mu 1988, filimu yoyamba imene anaitsogolera, Red Sorghum, inatenga mphoto yaikulu ya Golden Bear ku Berlin. Funso langa ndi ili: m'zaka 6 zimenezo anaphunzira chiyani chimene kamera payokha sikanamuphunzitsa?

Gama
Zikomo bambo Chisale. Ine ndimamudziwa ndi filimu ya Hero yokha, ija ya Jet Li, ndipo zoti anayambira pa kamera ndazimva lero. Koma ukaionera umachita kuoneratu kuti anaipanga ndi munthu wa maso. Paja pamene akazi awiri akumenyana m'nkhalango, masamba achikasu akuuluka ponseponse, mmodzi n'kugwa, nkhalango yonse n'kusanduka yofiira psuu. Kodi umenewo si umboni woti anyamatawo akunena zoona?

Achisale
Achimwene, amene anagwira kamera pa Hero sanali Zhang ayi. Anali Christopher Doyle. Sungani zimenezo, tifikapo.

Nangozo
Ine ndikuphunzira kamera, ndiye nkhaniyi yandigwira mtima. Kodi ndi mafilimu ati amene iyeyo anajambula ndi manja ake? Ndikufuna ndione kaye diso lake lisanasakanikirane ndi la ena.

Achisale
Mwafunsa bwino mwanawe. Atamaliza sukulu anamutumiza ku situdiyo yaing'ono ya ku Guangxi, kutali kwambiri ndi Beijing. Kutaliko kunamuthandiza, chifukwa ku masitudiyo akuluakulu wongomaliza kumene sukulu ankakhala zaka zambiri akunyamulira ena katundu. Ku Guangxi achinyamatawo anawalola kupanga filimu yawo nthawi yomweyo, One and Eight, iye ali mmodzi mwa ojambula. Koma imene muyenera kuifunafuna ndi Yellow Earth ya 1984, dayirekita wake Chen Kaige.

Mukaipeza, yang'anitsitsani mzere umene nthaka imakumana ndi thambo. Tonse tinaphunzitsidwa kuuika chapakati kapena kuutsitsa pang'ono kuti chithunzi chipume. Iye anaukweza mpaka kumtunda kwenikweni. Chimene chimadzaza diso ndi dothi, zitunda zouma zachikasu za kumpoto kwa Shaanxi, ndipo munthu wolima amangooneka kakang'onong'ono pamwamba apo, mutu utatsala pang'ono kudulidwa ndi m'mphepete mwa chithunzi. Nthawi zina amatembenuza, thambo lokhalokha, anthu n'kupanikizidwa pansi. Kamera siyendayenda. Imaima, n'kudikira. M'nyumba muli mdima weniweni wa nyali ya mafuta, sanawalitse kuti nkhope zioneke bwino.

Nkhani yake ndi ya mu 1939, msilikali wabwera kudzasonkhanitsa nyimbo za anthu akumudzi, akufikira pa banja losauka pamene mtsikana akudikira kukwatiwa ndi mwamuna amene sanamusankhe. Palibe amene amanena pakamwa kuti nthaka iyi ndi miyambo yake zawalemera anthuwa. Chithunzi ndi chimene chimanena. Anapata nacho mphoto ya Golden Rooster ya wojambula wopambana.

Mbewe
Bambo Chisale, mukamafotokoza choncho mukukhala ngati mukuwathandiza a Gama. Ngati chithunzi ndi chimene chikunena nkhani, ndiye kuti wojambulayo wayamba kale ntchito ya udayirekita.

Komabe ine ndili kumbali yanu, pa chifukwa china. Ntchito yanga ndi kudula ndi kulumikiza zithunzi pa kompyuta. Ndakhala pambali pa madayirekita amitundumitundu, ndipo amene anachokera ku kamera vuto lawo limafanana: satha kutaya shoti (kachigawo kojambulidwa kamodzi) yokongola. Ukawauza kuti apa nkhani yaima, woonera atopa, amakuyankha kuti taonani mmene dzuwa likulowera pazenerapo. Amakumbukira thukuta limene linagwa kuti kuwalako kupezeke. Wojambula amaganiza za shoti imene ili patsogolo pake, ndipo ndi mmene ziyenera kukhalira. Dayirekita amasenza filimu yonse m'mutu, kuyambira mphindi yoyamba mpaka yomaliza, ndipo amadziwa kuti shoti ina iyenera kukhala yosakongola kuti yotsatirayo ibaye.

Anabanda
Pali chinthu chimene nonse mwachidumpha, ndipo kwa ine ndi yankho la funso la Achisale. Asanakhale dayirekita, Zhang anayamba waima kutsogolo kwa kamera. Mu filimu ya Old Well ya Wu Tianming, iye ndi amene anasewera ngati mnyamata wa kumudzi wosowa madzi, wokumba chitsime. Sanaphunzirepo zisudzo. Anapita kukakhala m'mudzimo kujambula kusanayambe, akutunga madzi ndi kusenza katundu limodzi ndi eni mudzi, kuti thupi lake lizolowere. Mu 1987 anapata mphoto ya wosewera wamwamuna wopambana pa chikondwerero cha mafilimu ku Tokyo.

Ine ndasewera m'mafilimu kwa zaka zambiri, ndipo ndikuuzeni zimene zimachitika kumbali yathu. Ukaima pamalo pako, magetsi akukuwotcha kumaso, anthu ambirimbiri akuyang'ana, sudziona. Sudziwa ngati zimene wachita zafika kapena ayi. Munthu mmodzi yekha ndi amene angakuuze, dayirekita. Ndinagwirapo ntchito ndi wina amene anali katswiri weniweni pa kamera asanapatsidwe filimu yake. Tsiku lojambula pamene mayi akumva za imfa ya mwana wake, iye anatha m'mawa wonse akusuntha magetsi, akusintha lenzi (galasi la kutsogolo kwa kamera), akuyeza mtunda kuchokera pa mphuno yanga. Ine ndili chikhalire, misozi ndaisunga, yabwera, yapita. Titajambula, anathamangira pa sikirini, n'kunena kuti tibwereze chifukwa chithunzithunzi cha chitseko chagwera paphewa langa. Za ine sanalankhulepo kanthu, ngakhale kundiyang'ana. Sanali munthu woipa. Anali asanadziwe kuti tsopano ntchito yake ndi ineyo.

Munthu amene anaimapo kutsogolo kwa kamera sangachite zimenezo. Amadziwa kusungulumwa kwa pamenepo.

Nangozo
Mayi Nabanda, zimene mwalembazi zandilasa, chifukwa ine ndikakhala pa kamera ndimayang'anadi phewa ndi chithunzithunzi. Nkhope ndimaiona ngati malo ogwerapo kuwala.

Anabanda
Ndipo pitirizani kutero mng'ono wanga, malinga ngati muli pa kamera. Ife timadalira inu kuti muone zimene ife sitingaone. Vuto limabwera munthu akasintha mpando koma maso n'kuwasiya pa mpando wakale.

Achisale
Anabanda andilandira mawu pakamwa. Tsopano onani chimene Zhang anachita Wu Tianming atamupatsa mwayi ku situdiyo ya ku Xi'an. Munthu amene dziko lonse la China linkamudziwa ngati wojambula wopambana anatenga kamera n'kuipereka kwa mnzake wa m'kalasi, Gu Changwei. Pa Red Sorghum wojambula ndi Gu. Pa Raise the Red Lantern ndi Zhao Fei. Pa Hero ndi Doyle. Pa House of Flying Daggers ndi Zhao Xiaoding. Kamera anaisiya.

Nthawi imene anapulumutsa anaiika pati? Anakapeza Gong Li, mtsikana amene anali adakali pa sukulu ya zisudzo ku Beijing, n'kumupatsa mbali yaikulu mu Red Sorghum. Anatenga nkhani ya Mo Yan, amene pambuyo pake mu 2012 anadzapata mphoto ya Nobel, n'kuifupikitsa kuti ikwane mu filimu. Ndipo popeza ku Gaomi, kwawo kwa nkhaniyo, alimi anali atasiya kulima mapira ambiri, anagwirizana nawo kuti adzale munda wa mapira wojambuliramo, n'kumadikira kuti akule. Zimenezo ndi nkhawa za dayirekita: nkhani, anthu, malo, nyengo, ndalama. Ukakhala diso lili pa kamera sungazione.

Aphiri
Ndikumva, koma tisapange lamulo pamene palibe lamulo. Nicolas Roeg wa ku Britain anali wojambula zaka zambiri, ndipo atatsogolera Walkabout mu 1971 kamera anagwira yekha m'chipululu cha Australia. Filimuyo anthu amaitamabe mpaka lero. Alfonso Cuarón anajambula yekha Roma ya 2018 n'kutenga Oscar ya kujambula ndi ya udayirekita pamodzi. Ndiye kusiya kamera si njira yokhayo.

Achisale
Zoona Aphiri, alipo. Koma Roeg yemweyo pa Don't Look Now mu 1973 anali ndi wojambula wake, ndipo anapitiriza choncho. Cuarón anafika pa Roma atatsogolera kale mafilimu ambiri, ntchito ya udayirekita ili m'magazi. Amene ndikuwadera nkhawa ine ndi a filimu yoyamba, amene amagwiritsitsa kamera chifukwa ndi pokhapo pamene akudzimva kuti akudziwa chochita. Akuluakulu anati mapanga awiri avumbwitsa. Wosewera akafunsa funso lovuta, amathawira ku lenzi.

Gama
Nanga Jan de Bont? Anajambula Die Hard mu 1988, kenaka filimu yake yoyamba Speed mu 1994 inagwedeza dziko lonse. Basi yoti ikachepetsa liwiro bomba liphulika. Ine ndimaona kuti pa mafilimu a zothamangitsana ndi zomenyana wojambula ali ndi mwayi kuposa wina aliyense, chifukwa amadziwa poika kamera kuti woonera asasokonezeke.

Mbewe
Pamenepo ndikuvomereza, a Gama. Mu Speed nthawi zonse umadziwa pamene basi ili, pamene msewu wathera, amene ali kutsogolo ndi amene ali kumbuyo. Ambiri zimawakanika. Koma onaninso kuti nkhani yake inali yolimba kale papepala. Twister mu 1996 inayendanso bwino. Atafika pa Speed 2 mu 1997, luso la kamera linali lomwelo, ndalama zinali zambiri kuposa poyamba, koma nkhani inalibe msana, ndipo inagwa. Chimodzimodzi Wally Pfister. Anajambulira Christopher Nolan mafilimu ambiri, anatenga Oscar ndi Inception, koma Transcendence ya 2014, yokhala ndi Johnny Depp ndi ndalama zosachepera madola 100 miliyoni, sinakondweretse anthu. Palibe anadandaula za zithunzi. Anadandaula kuti anthu a m'nkhanimo sakuwakhudza.

Amene ndimamulemekeza kwambiri pa gulu limeneli ndi Ernest Dickerson. Kutentha kumene umakumva pakhungu ukamaonera Do the Right Thing ya Spike Lee ndi ntchito yake. Mu 1992 anatsogolera Juice, ndipo chimene anthu amakumbukira mu filimu imeneyo ndi nkhope ya Tupac Shakur, mnyamata amene aka kanali koyamba kusenza mbali yaikulu. Ndiye kuti Dickerson anadziwa kulankhula ndi wosewera. Pambuyo pake anatsogolera zigawo za The Wire ndi masewero ena a pa TV.

Anankhoma
Ndakhala ndikungowerenga, koma ndilowererepo pa Raise the Red Lantern ya 1991, chifukwa ndi imene inandisowetsa tulo. Mtsikana wophunzira akukwatiwa ngati mkazi wachinayi wa munthu wolemera. Madzulo aliwonse akazi onse amaima pakhomo, wantchito n'kubwera kudzaika nyali yofiira kutsogolo kwa amene bwana wamusankha usiku umenewo. Wosankhidwayo amamusisita mapazi ndi tinyundo tolira, ndipo kulirako kumamveka mpanda wonse, enawo akumva. Mawa lake ndi iye amene amasankha zakudya.

Chimene ndinazindikira mochedwa ndi chakuti nkhope ya mwamunayo siionetsedwa pafupi. Amaoneka chapatali, kapena chakumbuyo, kapena kuseri kwa nsalu, mawu okha ndi amene timamva bwino. Ndiye ukali wako sukhala ndi nkhope yoti uuikepo. Umagwera pa mpanda wonse, makoma otuwa, mabwalo ofanana mbali zonse, malamulo a makolo amene aliyense akuwatchula. Akaziwo amadyana okhaokha. Kodi chosankha chimenecho, chobisa nkhope, ndi cha wojambula kapena cha dayirekita? Ine ndikuona kuti ndi cha munthu amene ali zonse ziwiri. Dayirekita amene sanagwirepo kamera mwina sakanaganiza zoti mtunda wokha pakati pa kamera ndi munthu ungathe kunena zonsezo.

Aphiri
Anankhoma, filimuyo ndi yamphamvu, sindikana. Koma mudziwe kuti ku China komweko ambiri anamudzudzula nayo. Mwambo wa nyali uja mulibe m'buku la Su Tong limene filimuyo inachokera, anaupangira filimu. Otsutsa ankati Zhang akugulitsa kwa azungu China wa m'maloto, wofiira, wachilendo, wa akazi okongola ozunzika, chifukwa ndi amene amapata mphoto ku Venice ndi ku Berlin. Ju Dou ya 1990 chimodzimodzi, nsalu zazitali zofiira ndi zachikasu zikugwa kuchokera kudenga m'nyumba yonyikira utoto. Inali filimu yoyamba ya China kupikisana nawo pa Oscar ya mafilimu a zilankhulo zina, pamene kwawo inali yoletsedwa. Apa ndi pamene ndimaona ngozi ya diso la wojambula. Limatha kukongoletsa chilichonse, ngakhale nkhanza, mpaka woonera kumasirira m'malo momva kuwawa.

Anankhoma
Ine sindinasirire, Aphiri. Nyali zija pofika kumapeto ndinkaziopa. Kukongola kwake ndi msampha umene akaziwo akodwamo, ndipo woonera akodwamonso pang'ono, n'chifukwa chake zimapweteka. Zoti mwambowo anaupanga sizindivuta. Sanati akulemba mbiri ya dziko.

Anabanda
Aphiri afunsa funso loyenera, ndipo ndikuona kuti Zhang anayankha yekha, ndi ntchito. Chaka chotsatira, 1992, anatulutsa The Story of Qiu Ju. Gong Li yemwe uja, amene anthu ankati ndi chidole chake chokongola, anamuveka zovala zokhuthala za mlimi, mimba yaikulu, mpango kumutu, akuyenda mopepeluka. Mwamuna wake wamenyedwa theche ndi mkulu wa mudzi, ndipo iye akuyenda kuchoka kumudzi kupita ku boma, kuchoka ku boma kupita kumzinda, mpaka kukhothi. Ndalama akumupatsa, koma iye akufuna mkuluyo avomere kuti analakwa. Mbali zambiri za m'misewu anazijambula ndi kamera yobisika. Anthu odutsa sankadziwa kuti pali filimu, ndipo sankamuzindikira Gong Li. Zithunzi zake n'zotuwa, zopanikizana, anthu akudutsa kutsogolo kwa kamera n'kumutchinga wosewera.

Taganizani munthu amene dzina lake lonse linamangidwa pa kukongola kwa chithunzi, n'kutaya dala kukongolako chifukwa nkhani iyi sikukufuna. Pamenepo ndi pamene ine ndimati wakhaladi dayirekita. Anatenga mphoto yaikulu ya Golden Lion ku Venice, Gong Li n'kutenga mphoto ya wosewera wamkazi. Anabwerezanso mu 1999 ndi Not One Less, ya mtsikana wa zaka 13 amene amusiyira sukulu ya kumudzi kuti aziphunzitsa, osewera onse anthu wamba ogwiritsa ntchito mayina awo enieni. Golden Lion yachiwiri. Kutsogolera mwana amene sanaonepo kamera kulibe lenzi imene ingakuthandize.

Nangozo
Ndiye tinganene kuti mafilimu ake abwino ndi amene anaiwala kuti anali wojambula?

Achisale
Ayi mwanawe, sanaiwale. Kuti ubise kamera pamsika n'kupezabe chithunzi chogwira ntchito, uyenera kudziwa bwino lomwe kumene dzuwa lidzakhale nthawi imeneyo, lenzi iti ikupatsa mtunda wokwanira, filimu iti yoika m'kamera ipirira kuwala kochepa. Zimenezo anali nazo kale. Chimene chinasintha ndi choti tsopano luso lija limadikira kumva kaye chimene nkhani ikufuna. Komanso wojambula wake sangamunamize kuti izi sizingatheke, ndipo iye sangapemphe zosatheka. Ogwira ntchito amamukhulupirira dayirekita wotero, tsiku limayenda msanga.

Aphiri
Chabwino, pa Qiu Ju ndagonja. Koma tiyeni tifike pamene pakundivuta kwenikweni. Mu 1994 anapanga To Live, banja limodzi likudutsa zaka makumi angapo za mbiri ya China. Mwana wamwamuna akufa pa nthawi ya Great Leap Forward, pulogalamu ya boma yofulumizitsa chitukuko mokakamiza. Mwana wamkazi akufa pobereka pa nthawi ya Cultural Revolution chifukwa madokotala odziwa ntchito achotsedwa m'chipatala, mwatsala ophunzira okhaokha. Filimu imeneyo inatenga Grand Prix ku Cannes, Ge You n'kutenga mphoto ya wosewera wamwamuna, koma boma silinalole kuti ionetsedwe ku China, ndipo Zhang ku Cannes sanapiteko.

Munthu yemweyo mu 2002 akupanga Hero, mmene wofuna kupha mfumu ya Qin, umodzi mwa maufumu akale a China, akuleka dala, akuti ndi bwino mfumu yankhanza igonjetse maufumu onse kuti nkhondo ithe, iyeyo n'kulola kuphedwa. Mu 2008 ndi iye amene boma likumupatsa mwambo wotsegulira masewero a Olympics ku Beijing, anthu 2008 akuimba ng'oma ngati munthu mmodzi. Mu 2022 akumupatsanso wa Winter Olympics. Ine ndikamaona mizere ya anthu masauzande oyenda mofanana, palibe nkhope imodzi yoti uigwire, ndimaona kuti wojambula uja wabwerera n'kumumeza dayirekita wa Qiu Ju. Munthu wasandukanso kadontho m'chithunzi, koma ulendo uno chithunzicho sichikumumvera chisoni ngati mu Yellow Earth. Chikukondwera.

Gama
Bambo Phiri, mwandipatsa zoganiza. Ine Hero ndinkangoiona ngati nkhani imodzi yonenedwa kangapo, ulendo uliwonse ndi mtundu wake, wofiira pamene pali bodza ndi nsanje, wabuluu pamene mfumu ikulingalira, woyera pamene choonadi chikutuluka. Za ndale zake sindinaziganizire. Koma mitunduyo si yongokongoletsa, imathandiza woonera kudziwa kuti tsopano akulankhula ndani. Imeneyo si ntchito ya dayirekita?

Mbewe
Ndi ntchito ya dayirekita, ndipo pa kulumikiza inakonzedwa mwanzeru kwambiri. Koma Aphiri sakunena kuti filimuyo ndi yosalongosoka. Akunena za chimene ikutumikira. Ine pa mafilimu a pambuyo pake monga Curse of the Golden Flower ndi The Great Wall ya 2016, ija ya Matt Damon, ndili nawo limodzi. Golide, maluwa, asilikali osawerengeka, koma ukatuluka palibe munthu amene watsala nawe mumtima.

Anankhoma
Koma tisamuweruze ngati kuti amagwira ntchito pamalo pamene munthu amanena zimene akufuna. Filimu iliyonse ku China imadutsa m'manja mwa boma isanaonetsedwe. Mnzake wa m'kalasi Tian Zhuangzhuang atapanga The Blue Kite analetsedwa, ndipo panapita zaka zambiri asanatsogolerenso filimu. Zhang anasankha kukhalabe kwawo n'kumagwirabe ntchito. Ndipo sanasiye kubwerera ku bala lija. One Second ndi nkhani ya mkaidi wothawa ku ndende yachibalo pa nthawi ya Cultural Revolution, akufuna kuona mwana wake wamkazi amene akuoneka kwa kamphindi kochepa mu kanema wa nkhani. Filimu ya kanemayo yakhwekhwerezedwa m'fumbi, yapiringizana, ndipo mudzi wonse ukusonkhana kuitsuka mosamala ndi kuiumitsa ndi zokupizira. Inayenera kupikisana ku Berlin mu 2019, anaichotsa patangotsala masiku ochepa ponena kuti pali zovuta za luso, n'kudzatuluka ku China mu 2020. Munthu womezedwa ndi boma sapanga filimu yotero.

Aphiri
Kapena amapanga zonse ziwiri, imodzi ya mtima wake, ina ya mtendere wake. Sindikumuda, Anankhoma. Sindinakhalepo mwana wa banja loonedwa ngati mdani wa dziko. Koma sindingaonere mwambo wa 2008 n'kuiwala kuti ndi munthu yemwe anapanga To Live.

Achisale
Pa ndale sindilowapo kwambiri, nonse muli ndi mfundo. Ndingowonjezera za Shadow ya 2018 chifukwa Nangozo aphunzirapo kanthu. Ukaiona umayesa kuti ndi ya black and white, koma ayi. Anaijambula ndi mitundu yonse, koma zovala, makoma, zotchinga ndi zida zonse anazipanga zakuda, zoyera ndi zotuwa ngati chojambula cha inki, kunja kukugwa mvula pafupifupi nthawi zonse. Chimene chatsala ndi mtundu wake ndi khungu la munthu ndi magazi. Wojambula payekha sangathe kulamula zimenezo, chifukwa zovala ndi makoma si zake. Ndi dayirekita yekha amene angauze madipatimenti onse kuti ayende njira imodzi. Ndikukhulupirira kuti n'chimene chimakoka ojambula ambiri kupita pa mpando umenewo. Umatopa kupatsidwa khoma lobiriwira ndi malaya achikasu kuti uziwalitse, iwe ukudziwa kuti sizikugwirizana. Anapata nayo mphoto ya Golden Horse ya dayirekita wopambana.

Nangozo
Mayina onse atchulidwa ndi a amuna. Akazi amene anayenda njirayi alipo?

Anabanda
Alipo, ngakhale ndi ochepa, chifukwa ku kamera kweniko akazi analetsedwa kwa nthawi yaitali ndi maganizo oti ndi ntchito ya mphamvu. Rachel Morrison ndi mkazi woyamba kupikisana nawo pa Oscar ya kujambula, mu 2018, ndi filimu ya Mudbound. Tangoganizani, mphotozo zinayamba mu 1929. Ndi iyenso anajambula Black Panther, ndipo mu 2024 anatulutsa filimu yake yoyamba ngati dayirekita, The Fire Inside, ya katswiri wa nkhonya Claressa Shields. Reed Morano anayambira pa kamera, n'kudzatenga mphoto ya pa TV ya Emmy ya udayirekita mu 2017 ndi The Handmaid's Tale.

Mbewe
Muwonjezerepo Tunde Kelani wa ku Nigeria kwa amene mukufuna chitsanzo cha munthu wogwira ntchito ndi ndalama zochepa. Anayamba ndi zithunzi, n'kukhala wojambula wa pa TV, anakaphunzira ku London Film School, anajambulira ena mafilimu a Chiyoruba, kenaka anakhazikitsa kampani yake ya Mainframe n'kuyamba kutsogolera. Saworoide ya 1999 anthu amaikumbukira chifukwa cha zimene inanena za atsogoleri adyera. Iye anatsamira kwambiri pa alembi a mabuku ndi masewero a m'chilankhulo chake. Ankadziwa kuti kamera ali nayo kale, chimene ayenera kuchifunafuna ndi nkhani.

Ndipo wina asaganize kuti kubwerera ku kamera ndi kulephera. Freddie Francis anatenga Oscar ya kujambula ndi Sons and Lovers ya 1960, imene dayirekita wake Jack Cardiff analinso wojambula wotchuka. Francis anakhala zaka zambiri akutsogolera mafilimu oopsa, kenaka anabwerera ku kamera pa The Elephant Man mu 1980, n'kudzatenganso Oscar ina ndi Glory ya 1989. Gu Changwei amene anamujambulira Zhang uja nayenso anadikira mpaka 2005 kuti atulutse yake, Peacock, ndipo inatenga Silver Bear ku Berlin.

Nangozo
Zikomo nonse. Ndikufuna ndiyambe kuonera. Ndiyambire iti?

Achisale
Yellow Earth poyamba, ndipo muziimitsa pafupipafupi n'kujambula papepala pamene mzere wa nthaka uli ndi pamene munthu waima. Kenaka Raise the Red Lantern ndi Qiu Ju motsatizana, tsiku limodzi ngati mungathe, kuti muone dzanja limodzi likuchita zinthu ziwiri zosiyana.

Anabanda
Pa Qiu Ju musayang'ane kuwala ulendo woyamba. Muyang'ane mmene Gong Li akukhalira pansi ndi mmene akudzukira ndi mimba ija, ndi mmene akuchitira mkulu wa mudzi atamuponyera ndalama pansi kuti atole.

Aphiri
Ndipo musafike pa Hero musanaonere To Live. Mukamaliza zonse ziwiri mubwere mutiuze ngati mfumu ya Qin inayenera kusiyidwa ndi moyo. A Gama, inunso muionerenso, ndikufuna ndimve ngati mudzakhalabe kumbali ya masamba aja.

Gama
Ndiionera sabata ino, bambo. To Live sindinaionepo, ndiye ndiyambira imeneyo.